Tsitsi la Emma

Lumo linali kale m'manja mwa a Lackson pamene Vailet anafunsa za mng'ono wake Emma.

Linali tsiku lometa maliro a mayi awo, a Idah, amene anagwa m'munda wa tiyi dengu lili kumsana. Abale anakhala pamzere kuseri kwa nyumba za antchito, aliyense akuyang'ana dzuwa, poti kapitawo anali atanena kuti mawa onse kuntchito. Ometa anali a Lackson, malume awo a anawo. Ndiwonso anakasiya Emma ku nyumba ya boma yosungira ana opuwala, miyendo yake itakana kuyenda, ati pa esiteti sasunga munthu wosathyola tiyi. Chimusiyireni, dzina lake silinamvekenso pakhomopo.

A Lackson anayankha kuti ameneyo ndi mwana wa boma, naitana wotsatira. Bambo amenewa nkhani zolemera ankaziweruza atafulatira. Koma Vailet anakana kukhala pansi. Anati mwana wosametedwa ndiye kuti akumukana kuti si wa malemuwo.

"Amalume, ngati Emma sametedwa, inenso tsitsi langali likhala."

Anthu anayamba kung'ung'udza. A Lackson atameta ena onse, anaponyera Vailet lumo kumapazi kuti akamumete yekha Emmayo.

Vailet anayenda chothamanga kudutsa m'minda ya tiyi, akuopa kuti sakadziwana ndi m'bale wake. Atafika ku nyumba ya boma ija, anapeza ana ali pakhonde, ena akukwawa, ena akungogwedeza mitu, onse ometedwa mpala chifukwa cha nsabwe. Mtsikana mmodzi yekha ndiye anali ndi tsitsi, lolukidwa timizere tokhotera kukhutu, ndipo malukidwe amenewo Vailet anawadziwa pomwepo kuti ndi a mayi ake.

Mayi wosamalira anawo anati amake a mwanayo ankabwera Sabata lililonse. Amakewo anachonderera kuti mwana wawoyo asamamumete, nalonjeza kuti nsabwezo azizichotsa okha. Vailet anagwidwa manyazi, chifukwa masiku onsewo iye ankayesa kuti mayi ake ali kutchalitchi ku Makwasa.

Emma anamuyang'anitsitsa kumaso. Kenaka anakwawa, nadzakhala pakati pa miyendo yake, naweramitsa mutu.

"Amayi atuma inu lero?"

Vailet anaika lumo pansi, nayamba kumasula kamzere koyamba pang'onopang'ono, kuti asamupweteke.