Chijeremani cha Yotamu Kalilangwe

1.
Nyali ili m'maso. Yotamu Kalilangwe wayasamula kukamwa, mawu osatuluka.

Tiyambirenso, a Dokotala, akutero m'Chijeremani mtsikana wokumbutsa mawu. Musapupulume.

Akuopa. Wamasewero woiwala mawu samusunga.

2.
Anachoka ku Mchinji kukaphunzira kukonza mathirakitala ku Hamburg. Mzungu wina wa mafilimu anamuona pasiteshoni, n'kumufunsa ngati amatha kugona osaphethira. Mathirakitala anathera pompo.

Zimene wakhalapo pa TV ya Ajeremani:
mtembo m'mbali mwa mtsinje,
wothawa nkhondo,
woyendetsa takisi,
wogulitsa chamba,
mtembo winanso, uwu wovala nsapato,
wansembe,
kenako, imvi zitayamba, Dokotala Adebayo wa m'sewero la kuchipatala la Lachinayi lililonse. Dzinalo ndi la ku Nigeria, koma kwa olemba seweroli Afirika yense ndi mudzi umodzi.

3.
Chijeremanicho sanachitole panjira, anachikumba ndi zikhadabo, m'mawa uliwonse pagalasi ataluma pensulo kuti lilime liwongoke, m'basi kumangonong'ona yekha anthu n'kumamutalikira, kunyumba kulamula kuti Chichewa chizitsala pakhomo pamodzi ndi nsapato zamatope, mkazi wake malemu Gudrun kumuchonderera kuti mwanayu mphunzitseniko ngakhale moni, iye kukana kwamtuwagalu, kamwana kake Annika kumukoka buluku kuti Papa, kwanu madzi mumati chiyani, iye kuyankha kuti zisiye, zidzakupinda lilime, anzako adzakuseka monga anandisekera ine, ndipo ankayesa kuti akumutchinjiriza

4.
Tsopano mawuwo akusamuka limodzilimodzi, osatsanzika.

Supuni.
Lachiwiri.
Chija chokwererapo popita m'chipinda cham'mwamba.

M'malo mwake mukubwera alendo amene sanawaitane: chipande, nkhokwe, mphanje. Kusitolo yabuledi anamva pakamwa pake pakuti ndipatseniko awiri. Wogulitsa anangoti maso tong'o. Yotamu anatuluka chimanjamanja.

5.
Dieter, mnzake amene ankasewera ngati mkulu wa chipatalacho, nayenso anayamba motero. Anamulembera mawu pakhoma, kenako pachipumi pa wodwala. Zitakanika, olemba anamukweza galimoto m'seweromo n'kuigwetsera kuphompho. Sabata yotsatira panali maliro okongola, oonera analira, Dieter ali kunyumba kwake akufunafuna khomo la bafa.

Chaona mnzako chapita, mawa chili pa iwe.

Yotamu safuna kukwera galimoto. Asadziwe. Aliyense asadziwe.

6.
Tiyambirenso, a Dokotala. Ine ndine mayi wa mwana wodwala. Ndafunsa kuti, kodi achira?

Nyali. Kamera.

Mwadzidzidzi pakamwa patseguka pokha, Chijeremani chosalala chija n'kutuluka: Musaope, mayi. Mwana wanu ali m'manja abwino.

Mtsikanayo waomba m'manja. Koma bwanji maso ake afiira? Kodi iye Yotamu walakwitsa penapake? Mtsikanayu akukamunenera kwa akuluakulu?

Tiyambirenso, akutero Yotamu. Chonde. Ndikhoza kuposa apa.

Mawu a Adebayo akadalimo onse, mzere ndi mzere. Achijeremani ake a Yotamu ndiwo atha. Akafuna kupempha madzi, amayamba wafufuza ngati Adebayo anapemphapo madzi.

7.
Annika wazimitsa nyali yowerengera ija, wabweza m'thumba foni imene inali kamera ija. Seweroli linatha kalekale pa TV. Muno ndi m'nyumba yosungira okalamba, ndipo bambo ake sakumuzindikiranso. Anatulukira yekha kuti akawalozetsa nyali n'kuwatchula Dokotala, amamuyankha m'chinenero chokhacho chimene iye amamva. N'chifukwa chake amabwera masana aliwonse, mayi wa ana awiri, kudzakhala mtsikana wokumbutsa mawu.

Lero Annika akunyamuka, bambo ake amugwira pamkono. Akulankhula mothamanga, motsitsa mawu, m'chinenero chija chinkatsala pakhomo.

Mayi, ndinu munthu wabwino, ndithandizeni. Ndili ndi mwana wamkazi, Annika. Sabwera kudzandiona. Kapena ndinamulakwira. Mukamuuze kuti mutu wanga ukutha, ndikuopa, abwere msanga ndisanamuiwale.

Pa zonsezo Annika wangotolapo dzina lake. Sakudziwa ngati akumuitana kapena akumudandaula. Wagwada pafupi ndi mpando, wawagwira masaya.

Ndili pano, Papa. Ndine Annika. Ndine mwana wanu.

Wanena m'Chijeremani, pang'onopang'ono, liwu ndi liwu. Yotamu akumuyang'ana pakamwa mwamantha, akufufuza m'mutu yankho lake. Mawu amenewo m'seweromo munalibe.