Mphika wa M'dzenje la a Laban

A Laban anali atakumba dzenje la chimbudzi mpaka kulekeza m'chifuwa pamene khasu lawo linagogoda chinthu chachilendo. Atapalasa ndi manja, anaona mlomo wa mphika ukusuzumira m'khoma la dzenjelo, m'mbali mwake muli phulusa ndi timafupa. Bambowo anatuluka m'dzenjemo msanga kuposa mmene analowera.

Munali mu 1961, ku Mbayani. A Laban, telala wa pakhonde la sitolo ina ku Limbe, anachokera ku Port Herald ndi akazi awo, a Hilda. Mwana wawo Jenifer ankangotsekula m'mimba, ndipo a Pearson, mlangizi wa zaumoyo, anali atawauza kuti akumbe chimbudzi mvula isanagwe.

"Si ndinkanena ine?" anatero a Hilda atasuzumira. "Mwanayu sakudwala wamba. Wina anatikwirira mphika pakhomo pano."

"Wina ndani, mayi a Jenifer?"

"Amene amalowa pano ngati pake ndani?"

Ankanena a Emily, mayi wamasiye wa nyumba yoyandikana nawo, amene makolo awo anachokera ku dziko la Apwitikizi. Ndi a Emily omwewo amene analandira a Hilda atangofika m'tauni, n'kuwaonetsa kotunga madzi, ndipo ankaitanana kuti achemwali. Koma a Emily analibe mwana wamoyo, ndipo kwa anthu a miseche, umenewo unali umboni wokwanira. Tisawadzudzule kwambiri a Hilda. Mayi amene mwana wake akuonda m'manja amafuna wina woti amuloze chala.

Nkhani inafala ngati moto wa m'chilimwe. Kuchitsime, amayi ankasuntha ndowa zawo a Emily akafika. Ena anayamba kunena poyera kuti mayiyo asamuke. A Emily anangodzitsekera m'nyumba, mtima ukuwawa.

A Hilda anafuna kuti Lamulungu mphikawo uzulidwe, akauswe pakhomo pa a Emily anthu akuona. A Laban anavomera ndi pakamwa pokha. Kuukhudza ankaopa, choncho anangovindikira dzenjelo ndi lata. Mantha awowo ndi amene anapulumutsa zinthu.

Loweruka a Pearson anafika pa njinga kudzaona chimbudzi. Atamva nkhaniyo, anagwada n'kuyang'anitsitsa m'dzenjemo.

"Mwauchotsapo kapena kuutsuka?"

"Iyayi bambo, uli momwe ndinaupezera," anayankha a Laban.

"Mwachita bwino. Musaugwedeze. M'tauni mwatsegulidwa nyumba yosungiramo zinthu zakale, ndipo ndikudziwana ndi a Morris amene amagwira ntchito kumeneko. Amayi, mundilonjeze kuti mudikira mpaka abwere."

A Hilda analonjeza monyinyirika.

A Morris anabwera Lolemba ndi kasupuni ka omanga nyumba ndi kaburashi. Anthu anadzaza pabwalo. Iwo anapempha kuti a Emily nawonso aitanidwe, ndipo mayiwo anabwera n'kuima patali okha.

"Yang'anani khoma la dzenjeli," anatero a Morris ali m'katimo. "Pamwamba pali dothi lakuda, pansi pake lofiira, ndipo mzere wake sunaduke paliponse. Munthu akakumba n'kukwiriranso, dothi limasakanikirana, limakhalanso lofewa. A Laban, mmene munkakumba linali lofewa?"

"Lofewa pati? Taonani matuza awa."

Kenako a Morris anaonetsa muzu waukulu umene unadutsa pamwamba penipeni pa mphikawo, wochokera ku chitsa chakale cha kuseri kwa nyumba.

"Mtengo uwu unamera mphika uli kale pansi. Phulusali ndi la pamoto wophikira, mafupawa ndi a nyama imene anthu anadya. Zolembalemba za pamlomopa n'zofanana ndi za pa mapale akale kwambiri amene timasunga kuntchito. Pano panali mudzi, Blantyre kulibe."

Ndiye a Emily anafunsa ndi mawu otsika, "Ndiye kuti ndinakulodzani agogo anga asanabadwe?"

Ena anaseka, koma a Emily sanaseke. A Hilda manyazi anawagwira, misozi n'kuyamba kutsika.

"Mukanauzula mphikawu n'kuuswa, ine sindikanatha kunena kanthu," anatero a Morris. "Mphika pawokha sunena zambiri. Malo amene wagona ndi amene amatiuza msinkhu wake."

A Hilda anapita kukagwada pamaso pa a Emily. "Achemwali, ndakulakwirani kwambiri."

A Emily anayang'ana Jenifer amene anali lefu kumsana kwa mayi ake.

"Zopepesazo tikambirana m'njira," anatero uku akumasula chitenje chawo. "Bweretsani mwanayo ndimubereke ine. Tiyeni kuchipatala."

Jenifer analandira mankhwala ndipo anachira. A Laban anakumba chimbudzi mbali ina ya nyumba, pamene a Morris ndi anzawo anafukula bwinobwino malo aja, ana a sukulu ndi akuluakulu omwe akuonerera. Anapezanso mikanda ndi chidutswa cha khasu lachitsulo. Anthu a ku Mbayani, amene ambiri ankadziona ngati alendo ongobwera kudzafuna ntchito, anayamba kunyadira kuti akukhala pamudzi wakalekale.

Patapita miyezi, amayi awiri aja anapita limodzi kukauona mphikawo uli m'galasi ku nyumba yosungiramo zinthu zakale ija.

"Mwini wake ankapsereza ndiwo ngati inu," anatero a Emily akuloza mwaye wa pansi pake. Aka kanali koyamba kuti awasekenso a Hilda chichitikireni nkhani ija.

Inunso mukamakumba chimbudzi, maziko kapena dothi la njerwa, n'kupeza miphika, mikanda, zitsulo kapena mafupa akale, imani kaye. Musazule, musatsuke, musaswe, ndipo musathamangire kuloza mnzanu chala. Vindikirani malowo, mukauze osunga zinthu zakale kapena mlangizi wa m'dera lanu. Zinthu zimenezi ndi mbiri ya tonsefe, ndipo zikasiyidwa pomwe zagona zimanena zoona. Ku Mbayani zinayeretsa dzina la munthu wosalakwa.