Kudzutsa Febian

Lezala linali lidakali pamutu pa Bernadette pamene njinga yamoto inaima kuseri kwa nkhokwe. Linali tsiku lometa maliro a mwamuna wake, Febian, ndipo mlendo wanzeru akanadikira. Koma a Daka, loya wachinyamata wa ku Petauke, nzeru zoterozo analibe.

Mlandu umene anadzera anauyambitsa ndi Febian yemweyo. Anthu a ku depoti ya mankhwala a thonje ankatsuka migolo yawo mumtsinje umene mudzi wonse wa ku Ndake unkamwa. Nsomba zinayandama, mbuzi zinafa, ana anayamba kutsegula m'mimba. Febian anayenda ofesi ndi ofesi, ngakhale tcheyamani wa chipani anamuchenjeza kuti kudandaula za depoti n'kunyoza boma. Kenako iyenso anadwala, maso anachita chikasu, namwalira.

"Amai, pepani," anatero a Daka atapatsidwa mpando. "Dzulo ndinali ku khoti. Akuti zonse zimene munakamba ni nkhani chabe."

"Nsomba zija tinaziona tonse," anatero Abednego, mkulu wake wa malemu.

"Munaziona, koma simunasunge. Mtsinje mvula yatsuka. A depoti akuti mbuzi zimafa chaka chilichonse. Khoti ifuna dokotala anene kuti mankhwala aja analowa m'thupi la munthu." A Daka anatembenukira kwa Bernadette. "Mankhwala otele amakhalila m'thupi. Umboni watsala umodzi, ndipo uli kumanda."

Mayi amene ankameta Bernadette anatsitsa lezala.

"Mufuna tifukule m'bale wanga?" Abednego anaimirira. "Tinamuika na nyimbo, abusa anapemphela. Lelo mumutumbule monga nkhumba? Kwelani njinga yanu, bambo."

Abednego sanali munthu wankhanza. Ndiye anamukweza mng'ono wake pangolo kupita kuchipatala ku Nyimba, ndiyenso anamutseka maso. Ndipo pamwambo, mtembo unali wa abale a malemu. Mkazi wamasiye ntchito yake inali kulira basi.

"Mukakana, mlandu watha," anatero a Daka motsitsa mawu. "Migolo azatsukabe."

Bernadette anayang'ana kunjira. Amayi obwera kudzathandiza pamaliro ankakwera chitunda, ndowa pamutu. Madzi ake anali a mumtsinje womwewo, poti kwina kotunga kunalibe. Mtima unamuwawa kwambiri, chifukwa ankafuna kuti mwamuna wake apumule, munthu amene moyo wake wonse sanapumuleko.

"Alamu," anatero osakweza mutu, "mkazi wa mnansi wathu Simon matenda a pakati atamuyamba usiku, anagogoda pati?"

"Pano."

"Nanga ng'ombe zanu zitatitimila m'dambo, tambala asanalile?"

Abednego anaweramitsa mutu, Bernadette napitiriza.

"Ine ndinali kukwiya. Ndinali kumuuza Febian kuti munthu azigonako, mudzi uno si wake yekha. Iye kuseka chabe, uku afufuza nsapato mumdima." Misozi inatsika, koma sanaipukute. "Ndinamuletsa zaka zonse, sanamve. Lelo anthu agogodanso. Ngati amene tinaika uja ni wokana kudzutsidwa, ndiye kuti si Febian."

Anadzuka, mutu wometedwa mbali imodzi, nalowa m'nyumba. Anthu anaganiza kuti wapita kukalira. Anatuluka ndi khasu la mwamuna wake, mpini wake utada ndi thukuta, naliika pansi pafupi ndi mapazi a mlamu wake. Kenako anabwerera pamphasa.

Abednego analiyang'ana khasulo nthawi yaitali. Anavula chipewa, napukutira kumaso. Kenako anawerama n'kulitola.

"Dokotala wanuyo abwele m'mawa, dzuwa lisanatenthe," anawauza a Daka. "Koma pamanda paja mlendo asayambe kukumba. Ndiyamba ndine. Ndinamudzutsa kambili, mau anga awadziwa."