Malalanje pa Chitsa cha Mandimu

Tsiku limenelo mphepo inayamba dzuwa lisanatuluke, youma, yopanda ndi dontho lomwe la mvula. Inasasula madenga, inagwetsa nthochi za kudimba, ndipo pofika masana inali itapita, kusiya mudzi wonse uli mbwee ndi masamba.

Kalipentala anali m'shedi mwake akupala thabwa la chitseko pamene anamva kuthyoka kuseri kwa nyumba. Sanathamange. Anamaliza mbali imene anayamba, anagoneka puleni yopalira chammbali, kenako anatuluka.

Mtengo wa malalanje unali pansi. Unathyokera m'munsi, pafupi ndi dothi, nthambi zake zitatsamira khola la nkhuku. Zipatso zosakhwima zinali zitamwazika pabwalo, ndipo mbuzi za mayi woyandikana naye zinali zitafika kale.

Mtengowo unali wa mkazi wake. Mkaziyo anabwera nawo kuchokera kwawo, kutsidya kwa mtsinje, chaka chimene anakwatirana, uli kamtengo kolekeza m'bondo m'chitini chadzimbiri. Masiku amenewo kunalibe mlatho. Mkaziyo anawoloka atasenza chitinicho pamutu, madzi ali m'chiuno, katundu wina yense atamusiyira mwamuna wake. Malalanje ake anali a khungu lopyapyala, otsekemera moti ana a sukulu ankalolera kuzungulira njira kuti angodutsa pamenepo. Mkaziyo atamwalira, kalipentala anagawa zovala, mapoto ndi makina osokera. Unatsala ndi mtengowo. M'mawa uliwonse ankathira patsinde pake madzi amene wasukusulira, monga ankachitira mwiniwake, ndipo sanauzepo munthu chifukwa chake.

Mayi uja anabwera kudzatenga mbuzi zake.

"Pepani, bambo," anatero. "Koma chitsa chilipo. Chiphuka chimenechi."

"Chiphuka," anavomera kalipentala.

Mayiyo atachoka, anagwada kuti aone bala, ndipo anapeza chimene munthu wa matabwa sangachiphonye. Mtengowo sunathyoke mwachisawawa. Unathyoka pa mfundo yotupa imene inazungulira tsinde, ndipo mtengo wa m'munsi mwa mfundoyo unali wosiyana mtundu ndi wa pamwamba. Anakanda khungwa la chitsa ndi chikhadabo, nanunkhiza. Linali fungo la mandimu. Apo anakumbukira mawu amene mkazi wake ankamuseka nawo: "Inu mumalumikiza mitengo yakufa. Achimwene anga amalumikiza yamoyo."

Chitsa chikanaphukadi, koma chikanaphuka mandimu aminga. Malalanje onse anali m'nthambi zimene zinagona pansizo, ndipo masamba ake anali atayamba kulefuka.

M'dera lonselo munthu wodziwa kumezanitsa, ndiko kutenga kanthambi ka mtengo wina n'kukameretsa pa tsinde la wina, anali mmodzi: mlamu wake, mchimwene wa malemuyo. Awiriwa anali asanapatsane moni chichokereni kumaliro. Tsiku limenelo, anthu akubalalika, mlamuyo ananena onse akumva kuti, "Ngolo munali nayo, ng'ombe munali nazo. Mukanapita naye kuchipatala msanga." Kalipentala anangoleka kuwoloka mtsinje. Mlatho anaumanga pambuyo pake, koma iye anali asanaupondepo.

Choncho anayesa yekha. Anaboola bowo pakatikati pa chitsa, anasema kanthambi bwinobwino, nakakhomera mothina ngati mwendo wa mpando. Ntchitoyo inali yaudongo, ngakhale tsitsi silikanalowapo. M'mawa mwake kanthambiko kanali katazolika, ndipo masamba a mtengo wakugwawo anali atayamba kupindika ngati makutu a mbuzi yodwala.

Anaima pamenepo kanthawi. Kenako anasankha nthambi za kunsi, zimene dzuwa silinaziwombe, anadula zingapo, nazikulunga m'thumba lonyowa. Ananola mpeni, anavala chipewa, nalowera kumlatho.

Anapeza mlamu wake atakhala pakhonde, pa mpando umene mwendo wake umodzi unali wothyoka, atauchirikiza ndi njerwa. Anali atakalamba kuposa mmene kalipentala ankaganizira. Maso ake anali atachita ng'ala.

"Odi."

Mlamuyo anapendeketsa mutu. "Mawu amenewo ndikuwadziwa, ngakhale amatuluka kamodzi pachaka ngati bowa. Alamu?"

"Ndine."

"Kwagwanji? Watisiya ndani?"

"Mtengo wagwa."

Mlamuyo, amene anthu ankati akayamba kulankhula ngakhale nkhuku zimakagona iye akadali pakati, anangofunsa mawu atatu okha.

"Wa mlongo wanga?"

"Eya."

Kalipentala anamuika thumba lija pamiyendo. Mlamuyo analifutukula, anapapasa kanthambi kalikonse, anakapinda pang'ono, nakanunkhiza.

"Mwadula liti?"

"M'mawa uno."

"Zikadali zamoyo. Mukanachedwa..." Mawuwo anathera pamenepo. Anatsokomola, nayamba kukonza m'mphepete mwa thumba mmene munalibe chokonza. Kalipentala ankayang'ana njerwa ija.

"Vuto ndi ili," anatero mlamuyo, atatambasula manja. Ankanjenjemera ngati masamba a nsungwi. "Supuni imanyamuka yodzaza, pakamwa imafika yopanda kanthu. Ndikagwira mpeni ine, mumezanitsa chala changa."

"Ndidula ine."

"Inu? Munayesapo?"

Kalipentala anafotokoza mwachidule za bowo lija. Mlamuyo anaseka mpaka mpando unaterereka pa njerwa, ndipo kalipentala anachita kuugwira.

"Pakati! Munkafuna mtengo kapena tebulo? Safunsa anadya phula, alamu. Pakati pa mtengo ndi pakufa, n'chifukwa chake inu mumapakonda. Moyo uli apa." Anakanda kanthambi ndi chikhadabo, pakaoneka pobiriwira ponyowa. "Kunsi kwa khungwa. Pobiriwira pakumane ndi pobiriwira. Zina zonse n'zokongoletsa."

Ananyamuka ndi ndodo yake. "Kuseri kuno kuli kamtengo ka mandimu kanamera kokha, potayira madzi otsukira mbale. Muyambe mwaphunzirira pamenepo."

"Nthambi n'zochepa."

"Ndiye mukufuna mukaphunzirire pa chitsa chenicheni? Kanthambi kamodzi kokha, alamu. Paja anali mlongo wanga ine ndisanadziwe n'komwe kuti kunja kuno kuli inu."

Kalipentala anasankha kanthambi kowonda kwambiri mwa tonse.

Kamtengo ka mandimuko kanali konenepa ngati chala. Anakadula mutu, nakang'amba pakati pang'ono, monga mlamuyo anamuuzira. Kenako anayamba kusema kanthambi ka malalanje kuti kakhale kosongoka mbali ziwiri. Anasema, anayang'ana, anabwereza, anayang'ananso.

"Ndikumva mpeni ukupita kachitatu," anatero mlamuyo. "Si thabwa limenelo. Kokani kamodzi, basi. Ndipo musapagwire ndi chala, zala zanu ndi utuchi wokhawokha."

Kalipentala anadula pamene anawonongapo, anapuma, nakoka mpeni kamodzi uku, kamodzi uku. Mlamuyo anapempha kuti amve ndi msana wa chikhadabo.

"Hmm. Mpeni wanu ndi wabwino."

"Ndi dzanja."

"Ndati mpeni."

Analowetsa kanthambiko mumng'alu, khungwa kukumana ndi khungwa mbali imodzi, anamanga ndi luzi, namata ndi phula la njuchi limene mlamuyo ankasunga m'kachitini pawindo.

Dzuwa litapendeka anawoloka mlatho onse awiri, mlamuyo atagwira phewa la kalipentala, akulankhula njira yonse. Anafotokoza kuti malalanjewo anayamba ndi bambo awo, amene anapita kukagwira ntchito kutali msewu usanabwere. Pobwerera, anzawo ananyamula mabulangete ndi nsapato, koma iwo ananyamula kanthambi kamodzi atakazika m'mbatata kuti kasaume. Mtengo umenewo unapsa ndi moto wolusa chaka cha chilala. Mwamwayi mlamuyo anali atamezanitsa kale kamodzi, kopatsa mlongo wake popita kubanja.

"Ndiye kuti wanu uja unali wotsiriza," anatero. "Mukanandiuza kale, bwenzi tili nayo khumi."

"Simunafunse."

"Ndikanafunsa khoma?"

Pa chitsa paja, kalipentala anacheka pamwamba ndi macheka kuti pakhale posalala. Mlamuyo anagwada napapasa kuzungulira, ndipo chala chake chinaima pamalo amodzi.

"Chang'ambika mpaka pansi. Mphepo inachipotokola. Sindikulonjeza kanthu."

Anamezanitsabe nthambi zonse zotsala, kuzilowetsa kunsi kwa khungwa kuzungulira chitsa, namanga, namata. Atamaliza, mlamuyo anapempha kuti amufikitse pamene panagona mtengo. Anaugwira tsinde kanthawi. Kalipentala anapita kukatereka madzi a tiyi, ndipo anachedwerako dala.

Masabata anadutsa. Mvula yoyamba inagwa. Kalipentala anacheka mtengo wakugwa uja, nkhuni anapatsa mayi wa mbuzi, koma chidutswa chimodzi chowongoka anachiika pamwamba m'shedi. M'mawa uliwonse ankathira madzi pachitsa n'kuyang'ana. Kanthambi koyamba kanada. Kachiwiri kanatsatira. Kotsiriza kanakhala kobiriwira nthawi yaitali moti anayamba kukalankhula mumtima, koma tsiku lina atakakhudza kanathyoka kuti thyo. M'munsi mwa chitsa munatuluka mphukira zonenepa, zonyezimira, zaminga. Mandimu.

Tsiku limenelo sanapale thabwa. M'mawa mwake anatenga chikwanje kuti asadze mphukirazo, ndipo ali chiimire anamva ndodo ikugogoda miyala ya m'njira. Mlamu wake anali atawoloka mlatho yekha, thalauza litanyowa ndi mame mpaka m'mawondo.

"Zanu zili bwanji, alamu?"

"Zauma."

"Zonse?"

"Zonse."

Mlamuyo anatsamira ndodo. "Kwathu, pa kamtengo kaja, patuluka chinthu. Ndachikhudza dzulo, chofewa ngati khutu la mbewa. Koma zala zanga zimanama masiku ano. Ngati chatulukira m'munsi mwa luzi, ndi mandimu, tiiwale. Ngati ndi pamwamba..." Anagogoda ndodo pansi. "Anthu a kwathu akhoza kundinamiza pofuna kundisangalatsa. Inu simunasangalatsepo munthu. Tiyeni mukaone."

Kalipentala anatsamiritsa chikwanje kukhoma.

Kuseri kwa nyumba ya mlamuyo, pakati pa udzu umene unamera ndi mvula, kamtengo kaja kanali chilili, luzi lake litada. Kalipentala anagwada, anapatula udzu, nayang'anitsitsa. Pa kanthambi kowonda kaja, kamene anakasankha chifukwa kanali kosafunika, panali timasamba tiwiri tosatambasuka bwino.

"Pamwamba."

"Bwerezani."

"Pamwamba pa luzi."

Mlamuyo anapukuta nkhope ndi chipewa. "Ndiye wabwerera kwawo mwanayu."

Kalipentala sanadzuke. Anayang'ana dothi lozungulira kamtengoko ngati akuliyeza.

"Ndikumva mmene mukupumira," anatero mlamuyo. "Mukufuna kukazula mupite nako. Mukakazula pano, kafa. Kasiyeni kakule. Kakachita nthambi tidzadulako imodzi, tidzamezanitse kwanu. Mphukira za mandimu zija mwasadza?"

"Ayi."

"Musiye ziwiri zonenepa. Mizu ya pamenepo ikadali ndi mphamvu, inazolowera kunyamula malalanje."

"Liti?"

"Chaka chamawa, mwina chinacho. Ngati tonse tilipo. Ndiponso ngati mbuzi sizititsogolera, chifukwa kuno zimayenda ngati kwawo, ndipo ine ndimazidziwa zitadya kale." Anatembenuzira nkhope kumene kunali kalipentala. "Pafunikanso wina womasula luzi likayamba kuthina, ndi wobudula za m'munsi zikatuluka. Wa maso."

"Ndamva."

"Ndamva yake ndi iti? Ya eya kapena ya ayi?"

Kalipentala anadzuka, anasansa mawondo, nayeza ndi mapazi malo ozungulira kamtengoko. Podutsa pakhonde anaima, anapendeketsa mpando uja, nayeza mwendo wothyokawo ndi chikhatho.

"Mukupita osamwa tiyi?"

"Terekani."

Kalipentala anawoloka mlatho, anasankha mphukira ziwiri pachitsa nazimangira ku kamtengo kochirikiza. Kenako anatsitsa chidutswa cha mtengo wa malalanje chija, anamanga pamodzi matabwa a mpanda, anaika misomali m'thumba, anasenza, nabwerera kutsidya.