Mizere Yotsiriza ya Mai Ursula

Ku Chilomoni aliyense ankadziwa kuti Mai Ursula saluka tsitsi lokha. Ankakhala pakhonde kuseri kwa msika, chipeso chili kukamwa, ndipo nthawi yonse imene munthu wakhala pansi akupirira kukokedwa, iwo ankailukira m'mizere momwemo. Tsiku loti nthawi yakuchepera, unkangomasula mzere umodzi, dzuwa n'kuima kukudikira. Amayi ankamasula ali pambali pa wodwala kuchipatala. Atsikana ankamasula m'mayeso, mpaka aphunzitsi ena anayamba kuwakaniza kulowa ndi mizere.

Olivia, mtsikana amene anali atangomaliza kumene Fomu 4, ndiye anali womaliza kulukidwa.

"Takhazikika iwe, ukuchita ngati wakhalira linthumbu," anamudzudzula Mai Ursula tsikulo, akumukhoma ndi chipeso. "Ukamatekeseka chonchi nthawi yako ituluka yopyapyala."

Pasanapite nthawi Mai Ursula anamwalira, ndipo anawanyamula kukawaika kwawo ku Nsanje. Mwa ana awo palibe anatengera dzanja lawo. Mizere ya m'mutu mwa Olivia ndiyo inatsala m'Blantyre monse, ndipo ankaimangira duku pogona, ngakhale tsitsi latsopano linali litayamba kuitukula pansi.

Ndiye kunali Stewart, makanika wa ku Chirimba, chibwenzi chake. Mnyamata wabwino, wamaso ofatsa, koma mawu ake ankatuluka ngati madzi a pampopi m'chilimwe. Anali atapeza ntchito ku Joni. Olivia ankafuna chinthu chimodzi chokha asanakwere basi: anene za ankhoswe, kuti adziwe ngati akudikira mwamuna kapena mphepo.

Pa Wenela, pokwerera mabasi, injini inali italira kale. Kondakitala ankamenya chitseko. Stewart ankangoyang'ana nsapato zake.

Olivia anavula duku, namasula mzere wa pafupi ndi khutu.

Utsi wa tchipisi unaima m'malere. Dalaivala anazimitsa injini, natsika kukagula chimanga chowotcha, ndipo palibe anadandaula. Mithunzi inakhala pomwe inali.

"Olivia," anayamba Stewart.

"Ndikumva."

"Masipanala anga ndasiyira mnzanga Daniel. Uzimukumbutsa asamabwereketse."

Olivia anamasula mzere wina. Stewart anakamba za denga la mayi ake lomwe likudontha. Olivia anamasula winanso. Stewart anakamba za kuzizira kwa ku Joni, ndi jekete imene anagula ku kaunjika. Zala za Olivia zinkangoyenda, tsitsi likufutukuka mbali imodzi ngati thonje.

"Chemwali," anaitana mayi wina wogulitsa nthochi pafupi nawo, "imeneyo si ya malemu Mai Ursula?"

"Ndi yomweyo, mayi."

"Ndinadziwa. Pitirizani, nthochi zanga zileke kupsa." Anaseka, kenaka nkhope inagwa. "Koma mwachifatse, mwanawe. Mwini wake sadzalukanso."

Olivia anapapasa m'mutu. Unali utatsala umodzi, wa pankhongo, umene Mai Ursula anaumanga mothinitsa uku akung'ung'udza nyimbo ya kwaya. Anaugwira kunsonga. Akaumasula, dzanja la Mai Ursula litha pa dziko, ndipo mwina Stewart angoyamba za mabuleki. Akausiya, basi inyamuka.

Utsi uja unayambanso kuyenda.

"Tsitsi lako latani?" anafunsa Stewart, ngati wangodzuka.

Olivia anatsitsa dzanja.

"Stewart, amalume anga amakhala ku Zingwangwa, kuseri kwa tchalitchi, geti lobiriwira. Amalume ako apitako liti?"

Mnyamatayo anapuma mpweya wautali, mapewa n'kugwa ngati watula thumba la simenti.

"Ndimafuna ndinene zomwezotu."

"Ukananena basi itafika pa Mwanza?"

"Ndinawauza kale amalume. Akuti apita mwezi ukatha. Kungoti sindimadziwa poyambira."

"Unayambira pa masipanala."

Anaseka onse awiri, mayi wa nthochi naye. Dalaivala anataya chitsononkho, nakwera. Stewart anagwira dzanja la Olivia mwamanyazi, pagulu pomwepo, mpaka kondakitala anakuwa kuti, "Aise, ukwatire pa Khirisimasi, tiyeni!"

Basi itakhota, dzuwa linagwa msangamsanga kulowera ku Michiru, ngati lachedwa kwinakwake. Olivia sanamangenso duku. Anawoloka msewu tsitsi lili nyankhalala, nakakwera minibasi ya ku Chilomoni, nasankha mpando wa pawindo.