Layisensi ya Hasna

Chaka chimenecho Hasna sankadya bwino, tulo nato tinkamuthawa. Chimene chinkamudzutsa m'mawa unali mkwiyo basi.

Ntchito yake inali yolera ana a anthu kunyumba kwake ku Etobicoke, kudziko la azungu, ndipo layisensi anali nayo yabwinobwino. Ndiye tsiku lina kunabwera woyendera malo olerera ana, mzungu wina dzina lake Tobias, n'kupeza Hasna atabereka khanda la mnzake Zelipa ndi chitenje, uku akupukuta tebulo. Khandalo lili m'tulo tofa nato. Bamboyo anatong'ola maso ngati waona njoka, akuti mwana wamangidwa ndi nsalu. Wamangidwa! Tonsefe tinakulira kumsana, kodi tinafa? Sanafunse kanthu, anangopita. Sabata isanathe, layisensi anaiimitsa.

Hasna anakadandaula ku ofesi yawo. Anapempha chinthu chimodzi chokha, choti amumve. Anamuuza kuti adikire. Mitengo inayoyola masamba, chipale chofewa chinayamba kugwa, iye akudikirabe. Akaimba foni, kamawu kokoma kankayankha kuti nkhani yake akuiona. Kenako anamva kuti dandaulolo analipereka kwa Tobias yemweyo kuti aliunike. Aa! Fisi n'kuweruza mlandu wa mbuzi?

"Ameneyu adzandidziwa," anatero Hasna. "Ndikufuna adzaime pamaso pa mabwana ake, thukuta lili kamukamu."

Wovutika kwambiri anali Zelipa. Ankasamalira okalamba ku Oakville, ndipo popanda womusiyira mwana ankangojomba mashifiti. Bwana wake anali atamuchenjeza kale kuti akajombanso asabwerere.

Hasna anamema amayi onse amene ankawalerera ana. Lolemba m'mawa analowa mu ofesi muja, aliyense mwana kumsana. Mipando anaisiya. Anakhala pansi, miyendo tambalale, monga amakhalira amayi kwathu podikira mlandu. Mlonda atafunsa, anamuyankha mwaulemu kuti akudikira kumvedwa. Ana anayamba kulira, wina anataya mkaka pakapeti, anthu ena n'kumajambula ndi mafoni. Mawa lake amayi aja anabweranso.

Masana a tsikulo Tobias anatuluka, nkhope ili psuu. Anayankhula motsitsa mawu kuti ena asamve. Anati layisensi ikhoza kubwezedwa lero lomwe, bola Hasna achotse dandaulo lake, nkhani ithere pomwepo.

Zelipa anamutsina pantchafu. "Achemwali, landirani. Chonde, landirani."

Hasna anamuyang'ana bamboyo kuyambira kunsapato mpaka kumutu. Mtima wake unkagunda mokoma, sitibisa.

"Ayi," anatero m'Chingerezi, mokweza kuti chipinda chonse chimve. "Munanditsekera osandimva. Lero mukufuna kunditsegulira mobisa kuti musayankhe? Ndikufuna mabwana anu akhale pansi, ine ndinene zanga, inu munene zanu."

Tobias anati zimenezo zitenga nthawi, mwina mpaka chipale chitasungunuka, ndipo mpaka pamenepo layisensi ikhalabe yoimitsidwa.

"Ndidikira."

Mkulu wa ofesi, mayi wa imvi amene ankamvetsera pakhomo, anamuitana Tobias kuti alowe mkati, ndipo sanamuitane mwachikondi. Kwa Hasna anati tsiku lomumvera lidzaikidwa, komanso dandaulolo lichoka m'manja mwa Tobias. Hasna anadzuka, n'kusasa chitenje chake pang'onopang'ono. Miyezi yonseyi anali asanamvepo kukoma kotere.

Panja mphepo inkaluma makutu. Amayi ena anabalalika mwakachetechete, osamuyang'ana. Pamalo odikirira basi anatsala awiri.

"Mwapambana, eti?" anatero Zelipa, misozi ili m'maso. "Ndakhala pansi pozizira masiku awiri chifukwa cha inu. Mawa ndili ndi shifiti. Mwanayu ndimusiya ndi ndani?"

"Mng'ono wanga, munthu uja akanapulumuka."

"Ndiye apulumuke! Ine ntchito yanga ipulumuka?"

Hasna akanati amutenge mwanayo mobisa, mlandu wake wonse ukanafera pomwepo, ndipo onse awiri ankadziwa zimenezo.

Basi inafika. Zelipa anakwera osatsanzika, n'kukakhala mbali yomwe sakanamuona pawindo. Hasna anatsala yekha, manja m'matumba. Chisoni anali nacho, chachikulu ndithu. Koma chimene chinamuopsa n'chakuti akanamufunsanso mu ofesi muja, akanakananso.