Bala la Aphunzitsi Ezequiel

Mayi Efigénia, adiretora, ndiye kuti aphunzitsi aakulu, a shikola ina ya kufupi ndi Domwe, anali ndi diso losaphonya kanthu. Mwana akabwera wosadya ankamudziwira pa kayendedwe, mphunzitsi akayambana ndi mkazi wake ankamudziwira pa moni. Ndiye sizikanatheka kuti asaone kuti a Ezequiel ayamba kuphunzitsa atakhala pansi.

A Ezequiel anali ataphunzitsa Chipwitikizi pa shikolapo zaka makumi atatu, ndipo palibe amene anawaonapo pampando m'kalasi. Ankayendayenda pakati pa ana, kaneta yofiira yochongera ili m'manja, kusaka zolakwika ngati nkhuku yosaka chiswe. Koma chaka chimenecho, anthu atangokumba kachewere, anayamba kubwera atavala majombo a kudimba, mvula italeka kalekale.

"Aphunzitsi, mwendowo watani?" anafunsa adiretora tsiku lina.

"Mwendo uti? Ndili nayo iwiri, ndipo yonse ikugwira ntchito ya boma."

"Wakumanzerewo. Bwanji mukaonetse kuchipatala?"

"Kuchipatala kumapita odwala, adiretora. Ine ndili ndi kalasi ikundidikira."

Mayi Efigénia sanalimbane nawo. Tsiku la msika anasaka mayi Lurdes, akazi awo a aphunzitsiwo, mpaka anawapeza akusankha nyemba. Mayi Lurdes sanachite kukakamizidwa, anali atatopa nayo nkhaniyo. Amuna awo anagwa pa njinga miyezi iwiri m'mbuyomo n'kuchekeka pamsongolo. Balalo linakana kupola. Anathirapo phulusa, anathirapo mchere, anathirapo ndi mafuta a njinga amene, koma linkangokula, mpaka linayamba fungo.

"Nanga chipatala chili apa, akuopa jekeseni?"

"Jekeseni! Akuopa Anabela."

Anabela anali namwino wa pa kachipatala ka m'deralo. Ali mtsikana anadutsa m'kalasi mwa a Ezequiel, ndipo pakamwa pake sipankatsekeka. Tsiku lina aphunzitsiwo atapsa mtima anamuimika kutsogolo kwa anzake n'kulosera kuti adzathera pa malire a Kalomwe akugulitsa kachewere m'ndowa.

"Ndiye akuti akamuvulire bwanji jombo munthu amene anamulosera ndowa," anatero mayi Lurdes.

Madzulo a tsiku lomwelo mayi Efigénia anaimika njinga yawo yamoto pakhomo pa chipatala. Anabela atamva nkhaniyo anaseka mpaka kugwira tebulo, koma atamva za fungo ndi miyezi iwiri kuseka kunatha.

"Bala lotere limadula mwendo, adiretora. Abwere nalo msanga."

"Monga wodwala, ameneyu sangabwere. Koma uyu munthu sangadutse pepala lolembedwa molakwika osaima. Uli ndi mapepala angati oti tiwononge?"

Lolemba m'mawa adiretora analowa m'chipinda cha aphunzitsi nkhope ili yakugwa, n'kudzuma mokweza kuti aliyense amve.

"Tachita manyazi ife. Akuluakulu a ku Ulongwe anabwera kuchipatala kuja, awerenga zidziwitso zimene namwino wamata pakhoma, akuti Chipwitikizi chake n'chomvetsa chisoni. Akufunsa kuti kodi mwana ameneyu anaphunzira shikola iti, anamuphunzitsa ndani."

A Ezequiel anaika kapu yawo ya tiyi pansi.

"Ndiye inu mwayankha chiyani?"

"Ndati ndikafufuze kaye."

Lachitatu a Ezequiel anakwera kumbuyo kwa njinga ya adiretora, kaneta ziwiri zofiira zili m'thumba la malaya. Anabela anawalandira atapinda maondo, manja ali pamodzi, ulemu wochita kusefukira.

"Takulandirani, aphunzitsi. Pepani, m'chipinda muno tangokolopa ndi mankhwala, sitilowa ndi nsapato."

Mayi Efigénia anavula zawo mwachangu n'kulowa. A Ezequiel anaima pakhomo, akuyang'ana njira yobwerera. Pomwepo maso awo anagwera pa pepala lalikulu limene linali patebulo, ndipo mzere woyamba wokha unali ndi zolakwika zinayi. Anavula majombo aja osazindikira n'komwe.

Anabela anawakhazika pampando, anawapatsa pepala, n'kukankhira kampando kena pansi pa mwendo wawo ngati munthu wongofuna kuti mlendo akhale bwino. Pamsongolo panali patakulungidwa nsanza. Anagwada n'kuyamba kumasula.

"Iwe, ukuchita chiyani?"

"Palibe, aphunzitsi. Mzere wachitatuwo ndalemba bwino?"

A Ezequiel anayang'ana mzere wachitatu.

"Mayo! Liwu loti katemera m'Chipwitikizi umalemba ndi ma s awiri? Ndani anakuphunzitsa zimenezi?"

"Inu, aphunzitsi."

"Bodza!"

Mankhwala otsukira atakhudza bala aphunzitsiwo anakuwa, koma ngakhale adiretora amene anali pafupi sanadziwe ngati akukuwira ululu kapena ndime yachiwiri. Pomafika kumapeto kwa pepala, pepalalo linali lofiira ngati pophera mbuzi, ndipo mwendo unali m'bandeji loyera. Anabela anawabaya kachala n'kutenga kadontho ka magazi, akuti ndi lamulo kwa aliyense wolowa m'chipindamo. Kenako anawapatsa mapiritsi, n'kunena mwachisoni kuti mapepala olakwika alipo ambiri, mwina abwerenso Lachisanu.

"Ndibwera. Dzina la shikola lisaonongeke," anatero a Ezequiel.

Vuto linagwera mayi Efigénia. Anabela anali ndi mzere wa odwala tsiku lililonse, analibe nthawi yolemba zolakwika. Ndiye ntchito imeneyo inatsalira adiretora. Kawiri pa mlungu ankadzitsekera muofesi masana n'kuuza aliyense kuti akulemba za boma, pamene akupeka zidziwitso za malungo, za sikelo ya ana, za kusamba m'manja, n'kumaziwononga mwaluso. Anapeza kuti kulakwitsa dala ndi ntchito yolemetsa. Zolakwika zikachepa, aphunzitsi ankamaliza bandeji lisanamangidwe. Zikachuluka, ankafuna kuimirira kuti akalipe bwino. Dzanja linafika pozolowera, moti tsiku lina anatumiza kalata yeniyeni ku maofesi a maphunziro ku Ulongwe ili ndi ma s awiri posayenera, ndipo inabwezedwa italembedwa mzere kunsi.

Magazi aja anaonetsa kuti a Ezequiel ali ndi matenda a shuga, n'chifukwa chake bala linkakana kupola. Anabela anawauza yekha, mosazungulira, popanda pepala lililonse m'manja. Aphunzitsiwo anafunsa kuti chapa, minibasi yopita ku Ulongwe, imanyamuka nthawi yanji. Anapita ndi akazi awo ku chipatala chachikulu, n'kubwerako ndi mankhwala ndi mndandanda wa zakudya zoletsedwa, umene anaukonza kalembedwe ali m'chapa momwemo.

Patatha milungu isanu ndi umodzi anagogoda pa ofesi ya adiretora atavala nsapato zawo zakale zachikopa. Anaika mulu wa mapepala ofiira patebulo.

"Ndabweretsa ntchito yanu, adiretora."

"Yanga? Si ya Anabela imeneyi?"

"Anabela anali wolongolola, koma sanalakwitsepo liwu m'kalasi mwanga. N'chifukwa chake ankandipsetsa mtima, ndinalibe pomugwirira. Ndiponso g wamchira wopindika chonchi, pa Domwe ponse pano amalemba ndi munthu mmodzi."



"Munadziwa liti?"

"Ulendo wachiwiri."

"Nanga bwanji munkapitabe?"

"Mwendo unkapola. Komanso munthu wamkulu ngati inu kudzitsekera muofesi kupeka zolakwika, ndikanakukhumudwitsani bwanji?" Anatulutsa pepala limodzi pansi pa mulu uja. "Koma ili ndilo landidetsa nkhawa. Muli zolakwika khumi ndi ziwiri. Khumi mwachita dala, zikuoneka. Ziwirizi ndi zanuzanu."

Adiretora analanda pepalalo, n'kuwerenga, n'kulibisa m'kabati.

"Nanga mwanayo mwamupepesa za ndowa zija?"

"Ndinamutengera ndowa ya kachewere wa m'munda mwanga. Ndinamuuza kuti wogulitsa ndakhala ine. Waseka, walandira." Anaimirira kuti azipita, koma pakhomo anatembenuka. "Ndamuuzanso kuti adiretora athu amagwira mutu masana alionse, ndipo akakwera kachitunda ka kumsika amapuma kawiri."

"Aphunzitsi! Ndani wakutumani?"

"Dzina la shikola lisaonongeke."

Mawa lake, ana ali pa mzere wa m'mawa, Anabela anatulukira pa chipata atanyamula chikwama chake. Ananena mokweza kuti wabwera kudzaonetsa ana mmene amapimira kuthamanga kwa magazi, ndipo akufuna munthu wamkulu mmodzi wolimba mtima. A Ezequiel anali atatulutsa kale mpando wa muofesi n'kuuika pakati pa bwalo. Ana mazana atatu anatembenukira kwa adiretora. Pothawira panalibe. Mayi Efigénia anakhala pansi, anapinda dzanja la bulauzi, lamba wa chopimira magazi n'kufufuma pamkono.

Anabela anawerenga manambala, n'kupimanso kachiwiri, kenako anawerama n'kunong'ona kuti ana asamve.

"Yakwera, adiretora. Osati pang'ono. Lachitatu ndikuoneni, ndipo mchere muuiwale."

Nthawi yopuma itakwana, mayi Efigénia anapita monga mwa masiku onse kwa mayi Margarida, amene ankakazinga kachewere kunja kwa mpanda wa shikola. Analandira kambale kawo, n'kutambasula dzanja kuti atenge botolo la mchere. Mayi Margarida analikoka n'kulibisa m'chitenje.

"Pepani, adiretora. Aphunzitsi Ezequiel adutsa pano m'mawa."

Mayi Efigénia anacheuka. A Ezequiel anali ataima pakhonde la kalasi yawo, akumwa tiyi wopanda shuga, nkhope itakwinyika ndi kuwawa kwake. Anakweza kapu ija m'mwamba ngati moni. Adiretora anatafuna kachewere wawo wozizira m'kamwa, akupukusa mutu, ndipo anamaliza kambale konse.